Ndatopa ndi ma odishoni, ndikufuna ndiyambe kulemba sikiripiti

mwana_wa_Mbare: Abale ndithandizeni nzeru. Ndakhala ndikupanga zisudzo kuno ku Harare pa steji ndi m'timafilimu tating'onoting'ono koma mbali zomwe amandipatsa ndi zomwezomwezo, wantchito wa m'nyumba wolankhula Chishona chokhota kuti anthu aseke, basi poti kwathu nkuMalawi. Ndiye ndati bola ndizilemba ndekha, nkhani ndili nayo kale ya agogo athu omwe anabwera kudzagwira ntchito m'mafamu ndi m'migodi nthawi ya Federation ya Rhodesia ndi Nyasaland. Ndiyambire pati?

Nyasa_Mufakose: Achemwali vuto la ife ochokera pa steji timalankhulitsa anthu kwambiri. Pa steji mawu ndi omwe amanyamula sewero, koma mu filimu mumalemba chomwe kamera ione. Musalembe kuti agogo akulakalaka kwawo, lembani kuti akutulutsa chitupa chakale m'sutikesi, akuchipukuta ndi chitenje kenako nkuchibwezera osanena kanthu. Peji imodzi ndi pafupifupi miniti imodzi pa sikirini ndiye filimu yonse mukunena mapeji ngati 90. Osayamba ndi imeneyo chonde, lembani kaye ya mapeji 10.

Kamera_Tafara: Ine ndine wojambula ndiye ndinena za ndalama kkkk. Nkhani ya m'ma 1950 ikufuna zovala zakale, galimoto zakale, mwinanso sitima, nanga atulutse ndani zimenezo? Filimu ya konkuno ku Zimbabwe ija ya Cook Off anaijambula ndi ndalama pafupifupi $8,000 koma inafika pa Netflix mu 2020, taonani mmene anachepetsera zinthu zodula. Agogo anuwo aikeni m'nyumba imodzi ku Mbare lerolino, anthu atatu, ma sini ambiri akhale a masana chifukwa magetsi akathima usiku ndiye kubwereka jenereta ndipo phokoso lake limaononga saundi yonse.

mwana_wa_Mbare: Eeh nanga mbali ya mdzukulu wa agogowo ndidzipatse ndekha kapena ayi?

Nyasa_Mufakose: Dzipatseni, nanga Danai Gurira, katswiri wa mafilimu yemwe anakulira kuno ku Zimbabwe, sachita zonse ziwiri, kulemba masewero ndi kusewera? Kungoti musadziunjikire mizere yonse yokoma, ambirife timatero osazindikira. Mukamaliza itanani anzanu a zisudzo aiwerenge mokweza inu mukhale phee ndi cholembera, pomwe lilime lawaphonya ndi pomwe pakufunika kukonza. Muzitsatiranso a bungwe la zisudzo la Almasi, amakhala ndi zowerenga masewero pagulu konkuno ku Harare.

Kamera_Tafara: Ndipo agogowo alankhule Chichewa chenicheni, ma sabutaito tidzaika. Mukalemba mapeji khumiwo munditumizire ndione ngati akujambulika.