Mwezi wa Chizimalupsa wandigwera m'chiperoni

Gulu la alembi a masewero a pa wailesi, Mulanje ndi Thyolo

Mlembi wa ku Chitakale: Akuluakulu, zandivuta, ndithandizeni. Sewero langa lija la dziko longopeka, la anthu a Kumtunda ndi a Kuchigwa. Mu gawo 3 ndinanena kuti a Kumtunda amawerenga miyezi ya kumwamba, ikakwana 12 chaka chatha, ndipo mwezi woyamba amautcha Chizimalupsa. Mnyamata wa nkhani yanga anabadwa mwezi umenewo, mvula yoyamba ikugwa. Mu gawo 15 wakwanitsa zaka 12, akulowa chinamwali mwezi wake womwewo, ndipo ndalembamo mabingu ndi fungo la dothi. Wojambula mawu wandiimbira kuti masamu akukana. Magawo 8 anaulutsidwa kale, sindingawabweze.

Aphunzitsi a ku Luchenza: Wojambulayo mumugulire Fanta, achemwali, wakupulumutsani. Mwezi wa kumwamba, kuchokera pooneka kufika pooneka kwina, ndi masiku 29 ndi theka. Miyezi 12 ndi masiku 354. Chaka cha dzuwa, chimene mvula imatsatira, ndi 365 ndi kachidutswa. Ndiye chaka chilichonse anthu anu akuperewera masiku 11. Zaka 12, masiku 132. Ngati anabadwa pakati pa Novembala, chinamwali chake chikugwa kuchiyambi kwa Julayi. Mabingu chotsani, ikani chiperoni, anamwali azinjenjemera.

Che Mjomba a ku Limbuli: Ifetu izi timakhala nazo. Ramadan ya 2016 tinamanga mu Juni, kukuzizira, ya 2025 mu Malichi, chimanga chili m'munda. Imabwerera m'mbuyo chonchi mpaka kuzungulira nyengo zonse pa zaka pafupifupi 33. Kwa ife palibe vuto, chifukwa sitidzalira mbewu kalendala imeneyo.

Mlembi wa ku Chitakale: Ndiye ndingosintha zaka za mwanayo? Kapena ndingokhala chete, omvera sazindikira?

Achimwene a ku Thunga: Musayerekeze. Omvera a kuno amaimba foni ngakhale tambala akalira masana m'sewero. Koma ine ndikuona kuti mwatola nkhwangwa ndi mpini womwe. Paja munati mu gawo 20 mfumu yaikazi ilamula kuti dziko lonse likhale ndi kalendala imodzi, ndipo munkadandaula kuti chifukwa chake n'chosamveka. Chifukwa chake ndi chimenechi! Akulu a Kumtunda akuthira nsembe ya mvula yoyamba mu Julayi chifukwa chingwe chawo cha mfundo chowerengera miyezi chatero, a Kuchigwa akuwaseka ali pamoto. Gawo 15 likhale la manyazi amenewo.

Mlembi wa ku Chitakale: Eee achimwene, imeneyo yalowa. Nanga mfumuyo ikonza bwanji? Ndimafuna idumphe masiku monga anachitira a Papa.

Aphunzitsi a ku Luchenza: Ayi, zanu n'zotembenuza. Papa Gregory XIII anadumpha mu 1582, anthu anagona pa 4 Okutobala n'kudzuka pa 15, chifukwa chaka cha kalendala ya Julius Caesar chinali chotalikirapo pang'ono. A ku Britain anakakamira yakaleyo mpaka 1752, pamene 2 Sepitembala inatsatidwa ndi 14. Chaka cha anthu anu n'chachifupi, ndiye mfumu iyenera kuwonjezera, osati kuchotsa. Poyamba aime, adikire miyezi inayi ndi theka kuti mvula iwapeze. Kenako aziika mwezi wa 13 nthawi ndi nthawi. Kalendala ya Ayuda imauika ka 7 pa zaka 19 zilizonse, ndipo zimakwanira bwino kwambiri.

Achimwene a ku Thunga: Aphunzitsi, 7 pa 19 pa wailesi? Mayi akusenda chinangwa agwire zimenezo? Muzisiye ku bolodi.

Aphunzitsi a ku Luchenza: Chabwino, anene kuti chaka chachitatu chilichonse. Kungoti pazitsala masiku atatu nthawi iliyonse, ndipo adzaunjikana.

Che Mjomba a ku Limbuli: Otsalawo apatseni munthu. Pakhale nkhalamba yoyang'ana nyenyezi, yonena kuti chaka chino tiwonjezere kapena ayi. Munthu wotereyu akhoza kulandira mbuzi kuseri. Ochita sewero amakonda mbali zoterozo.

Agogo a ku Masambanjati: Ndakhala ndikuwerenga. Ana inu mukuiwala funso limene munthu wamba adzafunse: mwezi wowonjezerawo, msonkho ulipo? Nanga wangongole amene analonjeza kubweza chaka chikatha, wapatsidwa mwezi waulere? Bambo anga ankagwira ntchito ya tiyi nthawi ya atsamunda, ndipo mwezi wao sunali wa kumwamba kapena wa pakhoma, unali tikiti. Kapitawo akapanda kuchonga tsiku, tsikulo kunalibe, ngakhale unatuluka thukuta. Wogwira chowerengera ndiye wogwira mimba za anthu. Mukalemba zimenezo, Thyolo yense amva kuti nkhaniyo ndi yake. Komanso mfumu yanuyo isakhudze tsiku la msika ndi lopuma. A ku France anayesa sabata ya masiku 10 mu 1793, pofika 1806 kalendala yonseyo anaitaya.

Mlembi wa ku Chitakale: Agogo, mwandipatsa magawo atatu aulere. Katsala kamodzi. Lamulo la mfumu ndinalemba kuti ng'oma ya dziko lonse izilira dzuwa likatuluka.

Achimwene a ku Thunga: Likatulukira ndani? Pitani ku Likhubula m'mawa mukaone. Phiri limawatchinga, kwayera kalekale koma dzuwa lenilenilo sanalione, pamene a mbali ya kum'mawa ayamba kale kuliwotha. Dziko lanunso lili ndi phiri pakati. Ng'oma ilire dzuwa lili paliwombo, mthunzi wa mtengo wa pabwalo ukafupikitsitsa. Pamenepo palibe wotsutsa.

Che Mjomba a ku Limbuli: Kupatula tsiku la chiperoni, mthunzi kulibe.

Mlembi wa ku Chitakale: Tsiku limenelo nkhalamba ya mbuzi ija ndiyo inene, ikangane ndi woimba ng'oma. Gawo 15 ndilembanso usiku uno, Lachisanu tijambula. Alipo ali ndi mawu a mvula yowaza pa malata? Amene ndili nawo ndi a chimvula cha mu Januwale.

Achimwene a ku Thunga: Ndinajambula chaka chatha pa khonde, koma muli galu akuuwa chapatali. Ndikutumizirani madzulo.