Kodi tsiku lochira amaliwerengera bwanji?

Nangozo: Azamba ndi anamwino muli muno, ndithandizeni. Ngati mayi anayamba kusamba komaliza pa 10 Malichi, mimba inakhala liti ndipo achira liti?

Mzamba_Zomba: Mayi Nangozo, timayambira pa tsiku loyamba la msambo womaliza, osati tsiku limene unatha. Wonjezerani masiku 7, mupeza 17 Malichi. Kenako werengani miyezi 9 kutsogolo, mufika pa 17 Disembala. Amenewa ndi masabata pafupifupi 40. Kwa amene amasamba pakatha masiku 28, dzira limatuluka chapa 24 Malichi, koma umuna umakhala wamoyo m'thupi mpaka masiku 5, ndiye tsiku lenileni limene mimba inakhala silidziwika.

Namwino_Chisale: Ndiwonjezereko. Ngati msambo umabwera pakatha masiku 35, sunthirani tsiku lochiralo kutsogolo ndi sabata imodzi. Woyamwitsa kapena amene wangosiya jakisoni wolera wa Depo asadalire msambo. Apite kusikelo msanga akamuunike ndi sikani mimba isanakwane masabata 14, chifukwa mukachedwa makina amaphonya ndi masabata awiri kapena atatu.

Mzamba_Zomba: Zoona. Kuchira kuyambira pa masabata 37 ndi nthawi yake ndithu. Akafika 41 matenda asanayambe, chonde asadikirire kunyumba.