Kuwerengera thandizo la boma pa inshuwalansi ya zaumoyo yogulidwa pa HealthCare.gov, webusaiti ya boma la America

Funso: Akuluakulu, munthu wodzilemba yekha ntchito ku America, amene ndalama zake sizikhazikika, alembe zingati pofunsira thandizoli?

Yankho: Lembani zomwe banja lonse likuyembekezera kupeza chaka cha inshuwalansicho, osati chatha. Aboma amaona MAGI (ndalama zomwe mwapeza pachaka mutachotsapo zina zololedwa pa msonkho), ndiye pa bizinesi werengani phindu mutachotsa zowonongera. Zoika mu HSA (akaunti yosungiramo ndalama zachipatala) zimatsitsa MAGI.

Yankho: Thandizo ndi mtengo wa pulani ya Silver (gulu la mapulani apakati) yachiwiri kutchipa m'dera lanu, kuchotsapo gawo lomwe mumalipira nokha malinga ndi zomwe mumapeza. Mungalitengere ku Bronze (gulu la mapulani otchipirapo), komatu kutsitsiridwa deductible (ndalama zomwe mumalipira nokha inshuwalansi isanayambe kulipira) kuli pa Silver pokha, kwa omwe ndalama zawo sizipitirira 250% ya mulingo wa umphawi womwe boma limaika. Apa ambiri amaphonya pothamangira zotchipa.

Yankho: Mukalemba zochepa dala, IRS (bungwe la misonkho) idzakuuzani kuti mubweze thandizo lopitirira kudzera pa fomu ya msonkho ya Form 8962, poyerekeza ndi 1095-A, fomu yosonyeza thandizo lomwe munalandira. Ndalama zikasintha, nenani ku HealthCare.gov pasanathe masiku 30.