Ndithandizeni: chitsulo chamatsenga chopotoza nthawi

Anzanga olemba nthano, ndithandizeniko maganizo. M'nkhani yomwe ndikulemba muli chitsulo chosowa kwambiri, chosakaniza siliva ndi mwala woonekera mkati ngati galasi. Munthu akachifumbata, nthawi imayenda mwaulesi: dontho la madzi limaima m'malere, lawi la kandulo limaleka kugwedezeka.

Pandivuta ndi apa. Ngati mwini wake angathe kubwerera dzulo kukakonza zimene analakwitsa, imfa sikhalanso yoopsa, ndipo owerenga sangagwire mtima m'manja. Ndiye chizimulanda chiyani wochigwiritsa ntchito? Azikalamba msanga, kapena aziiwala okondedwa ake mmodzimmodzi? Kuiwalaku ndiko kukundikoka mtima.

Nanga wosula angachisungunule bwanji? Siliva amafuna kutentha kwa madigiri pafupifupi 962, koma moto ukayandikira chitsulochi nawonso umachedwa kuyaka.