Sewero la pa chiliza cha agogo

Bambo aakulu (Chibavi): Moni nonse. Chiliza cha ku Zolozolo chatha, tikavundukule Loweruka lachiwiri la mwezi wamawa. Tikabwerako kumanda, adzukulu adzachite kasewero kochokera m'buku la John Bunyan lija, la ulendo wa Mkhristu (The Pilgrim's Progress), limene bambo ankagona nalo kumutu.

Azakhali: Bukulo lili kwa ine, chikuto chinathothoka kalekale. Koma achimwene, koyambirira kuja ayi. Mkhristu uja kutseka makutu ndi zala n'kuthawa, mkazi ndi ana akumuitana pakhomo? Ana athu atolapo chiyani?

Mdzukulu (Mzuni): Azakhali, mwini bukuyo zinamuchitikiranso. Anakhala m'ndende ku Bedford, ku England, zaka 12 chifukwa chokana kusiya kulalikira, kunyumba kuli ana anayi, wina wosaona. Bukulo linatuluka mu 1678, ndipo mu 1684 anawonjezera gawo lachiwiri, momwe mkazi uja ndi ana amanyamuka nawonso.

Azakhali: Kulondola m'mbuyo, mwamuna atafika kale. Ine zimandiwawabe.

Alamu (Luwinga): Nanga pamsika wa zachabechabe paja? Ana amakonda phokoso.

Bambo aakulu: Pomwe amamuotcha Wokhulupirika, mnzake wa Mkhristu? Pa chiliza ayi, alamu.

Mdzukulu (Mzuni): Ine ndikuti Linga la Chikaiko. Chimphona chiwatsekera Mkhristu ndi mnzake wina kuyambira Lachitatu mpaka Loweruka usiku, osadya, osamwa, chikuwamenya n'kumawauza kuti angodzipha. Kenako Mkhristu akumbukira kuti kiyi wotchedwa Lonjezo anali naye pachifuwa masiku onsewo.

Azakhali: Masamba amenewo ndi amene ali akuda ndi zala. Amayi atatisiya, bambo anatha chaka osaponda kutchalitchi. Akulu ampingo akabwera ankangowapatsa tiyi, nkhani n'kukhala ya mvula basi.

Bambo aakulu: Komatu pamaliro awo tinati sanagwedezekepo.

Azakhali: Tinanama, achimwene.

Bambo aakulu: Mmm.

Bambo aakulu: Chabwino, Linga lomwelo. Zodziphazo muchotse, pali ana ang'onoang'ono. Chimphona ndikhala ine.

Alamu (Luwinga): Mimba ilipo kale, chatsala ndi chibonga 😂

Bambo aakulu: Alamu, K15,000 yanu ya tenti sinafike pa Mpamba. Mzuzu ino mvula siipempha chilolezo.

Alamu (Luwinga): Lachisanu, achimwene.

Mdzukulu (Mzuni): Kuyeserera Lamlungu masana kwa azakhali. Kiyi tipeza kuti?

Azakhali: Ndili ndi wa sutikesi yawo ija. Anamumangirira kachingwe, ali m'buku momwemo.