Kodi mnzangayu akudula intaneti dala?

Abale, ndithandizeni. Ndimasewera gemu ya mpira ya eFootball pa PS4 kudzera pa intaneti kuno ku Kabwata, ku Lusaka, ndi mnyamata wina wa ku Matero. Chodabwitsa n'chakuti ndikangomuchinya, masewera amayamba kudukiza: osewera anga amangoima chilili, mpira n'kuzimiririka, pobwerera ndimapeza wandichinya kale. Iye akatsogola, zonse myaa! Ndikamasewera ndi ena sizichitika, ndiye musandiuze za bando kapena magetsi.

Ndinamva kuti ena amaika kaswichi pa waya wa rauta, ena amayamba kudawunilodi zinthu zikuluzikulu kuti netiweki ilemere. Kodi munthu angadziwe bwanji? Nanga vidiyo ya masewerawo ingakwane ngati umboni? Loweruka tili ndi mpikisano wandalama, koma sindikufuna kumunamizira, ndi mlamu wa mnzanga.