Kodi ife a ku Mangochi dzina lathu lenileni ndi liti? Anyanja, Achawa, Anyasa kapena Amangoche?

mwana_wa_malombe

Moni nonse pagulu pano. Ndili ndi funso landisowetsa mtendere kuyambira sabata yatha, mwina akuluakulu odziwa za makedzana mundithandiza. Timakonza m'nyumba ya malemu agogo aamuna kwa Chimwala kuno, mukudziwa mmene zimakhalira munthu akatisiya aliyense amafuna aone zomwe zili mu sutikesi, nde tinapezamo kajumbo muli mapepala akale okhaokha ena chiswe chinalawa kale. Limodzi linali la ulendo wawo wa ku Theba, kukagwira ntchito ku migodi ya ku Joni, ndipo polemba boma analemba Fort Johnston, polemba mtundu analemba Nyanja. Zandizunguza mutu chifukwa ife kukula konseku timadziwa kuti ndife Ayao, anganga mpaka lero Chichewa amachiyankhula mokakamizika, kujando tinapita tonse. Ndikakhala ku Lilongwe kuntchito anzanga amanditchula Mchawa, achimwene anga ali ku Joni akuti kumeneko amawati Mnyasa, ndiye tsiku lina pa wailesi ndinamva akutchula Amangoche ndikumati eya dzina lathu ndi limeneli basi. Mayina onsewa anachokera kuti, ndipo lolondola ndi liti?

Mphunzitsi wopuma

Mwanawe wafunsa bwino, koma ndiyambe ndi kukukhumudwitsa pang'ono. Amangoche si dzina la anthu onse okhala m'boma la Mangochi ayi. Ayao ali ndi nthambi zawo, ndipo zambiri zinatenga mayina kuchokera ku mapiri kapena malo omwe anakhalako atabalalika kuchokera ku phiri lija lotchedwa Yao, chakufupi ndi Mwembe ku Mozambique. Pali Amachinga, pali Amasaninga, pali Achisi, ndiye pali Amangoche omwe anakhala ku phiri la Mangochi kumtunda kuja cha ku Namwera. Chosangalatsa nchakuti Amangoche ambiri sanakhalitse kuno, Amachinga atafika anawakankhira kummwera, nchifukwa chake Kapeni wa ku Blantyre ndi wa nthambi imeneyi. Kunena kwina, ukafuna Mmangoche weniweni ukhoza kumupeza msanga ku Lunzu kusiyana ndi pa boma pano. Mponda ndi wa Amachinga, Makanjira kutsidya kuja ndi wa Amasaninga.

Dzina la tauniyi ndi lobwereka ku phiri lomwelo. Azungu atamanga linga lawo mu 1891 pafupi ndi kwa Mponda analitcha Fort Johnston potengera Harry Johnston, kenako anadzasamutsira boma pomwe lili lero. Boma lonseli nthawi ina linkatchedwa South Nyasa. Fort Mangochi inali ina, ya kuphiri kuja, yomwe anamanga atagonjetsa Jalasi mu 1895, zipupa zake zilipobe ukalimba mtima kukwera. Titalandira ufulu mpamene dzina la Johnston linachotsedwa nkuika la Mangochi. Ndiye agogo ako polembedwa Fort Johnston palibe cholakwika, ife a msinkhu wanga makalata tinkalandira ndi adiresi yomweyo, ena ankangoti ku Fotijoni.

Za Nyanja zija usadabwe nazo. Ayao asanafike kuno cha m'ma 1860 m'mbali mwa nyanja ndi mwa Shire munali kale anthu, a mbumba ya Amaravi, ndipo ankatchedwa Anyanja chifukwa chokhala kunyanja basi. Amang'anja a kumunsi kwa Lundu ndi Achewa a kumtunda ndi abale awo, chiyankhulo chimodzi kusiyana katchulidwe. Ayao atabwera anakwatirana nawo, midzi ina inalowa pansi pa mafumu a Chiyao nkuyamba kuyankhula Chiyao. Ndiye zitheka agogo akowo anali Mnyanja ndithu amene anabwera pa chikamwini, ndipo inu mwatsata kuchikazi monga mwa mwambo wathu. Zithekanso kalaliki wolemba anangomva munthu akuyankhula Chinyanja pa mzere nkulemba zomwezo osafunsa, makalaliki aja sankataya nthawi. Kafunse anganga ako ali moyo, iwowo ndiye buku lako.

wa_ku_joni_06

Kkkk za Mnyasa zo nzoona man, kuno ukangotsegula pakamwa basi wadziwika. Achikulire a kuno ndi amene amakonda kunena Manyasa, achinyamata ambiri amangoti Malawi, ngati dzina lako ndi dziko. Zinayamba kalekale nthawi ya migodi pomwe dziko lathu linali Nyasaland, kuyambira 1907 mpaka 1964, nde aliyense wochokera kwathu kaya ndi Mtonga wa ku Nkhata Bay kaya Mlomwe wa ku Thyolo kaya Mtumbuka onse anali Anyasa basi. Chondiseketsa ine nchakuti mawuwo ndi athu omwe, nyasa m'Chiyao ndi nyanja. Livingstone atafika mu 1859 anamva anthu akunena nyasa iye nkulemba Lake Nyasa, ndiye kuti nyanja Nyanja kkkk. Ndiye Mnyasa ndi Mnyanja tanthauzo ndi limodzi, kungoti lina latuluka pakamwa pa Myao lina pakamwa pa Mnyanja, nkukazungulira kwa azungu nkubwereranso kwa ife ngati dzina lachilendo.

Podutsa pa Zimbabwe pa basi ndinamvanso ena. Kumeneko kuli zidzukulu za matchona zambiri m'mafamu ndi m'migodi, amazitchula Manyasarandi, ena Mabhurandaya kutanthauza a ku Blantyre ngakhale munthu Blantyre sanaiwonepo, ena amangoti achimwene poti anamva makolo athu akuitanana choncho. Asilamu ochokera kwathu amawati Machawa. Pali lina lachipongwe kwambiri sindilemba pano. Ku Tanzania nako kuli Wanyasa m'mbali mwa nyanja yomweyi, ndipo iwo nyanjayi amaitchulabe Nyasa, a ku Mozambique amalemba Niassa. Ine sindikwiya nalo la Mnyasa, zimangotengera kuti walinena ndani komanso nkhope yake ili bwanji polinena.

Mayi wa ku Namwera

Ine ndilankhulepo za Achawa zi chifukwa zimandinyansa kobasi. Ife sitidzitchula choncho. Pitani kwa Jalasi, kwa Katuli, kwa Bwananyambi, mufunse nkhalamba iliyonse kuti ndinu ndani, ikuuzani kuti ndine Myao, chiyankhulo changa Chiyao. Achawa ndi Chichawa ndi mawu a anthu ena ponena za ife. Ndili ku sekondale kuchigawo chapakati atsikana anzanga akafuna kundiyamba ankati iwe Mchawa, ndipo pambuyo pake pankabwera zija zoti simupita kusukulu, mumangodziwa kusoka ndi kugulitsa nsomba. Palibe tsiku munthu ananditchula Mchawa pondiyamikira. Komanso amangophatikiza, Msilamu aliyense kwa iwo ndi Mchawa, chonsecho ku Nkhotakota kuli Asilamu Achewa ambirimbiri, ndipo kuno kuli Ayao a Anglican ndi a Katolika. Mwana wa Malombe iwe anzako akuntchitowo uwauze bwinobwino mosakwiya kuti Myao, sizovuta kutchula, zilembo zinayi zokha.

Kabaza wa pa Soko

Amayi pepani koma ine ndikuona ngati nkhaniyi mwaikuza. Ine mayi anga ndi Mchewa wa ku Dedza bambo anga Myao wa kwa Mponda, ndipo agogo akuchikazi ankanena kuti mwana wathu anakwatiwa ku Achawa mwachikondi ndithu, nkumawaphera nkhuku bambo akapita, nkuwapatsa mpeni azinge okha. Kwa iwo linali dzina chabe lomwe anakula akumva. Ndi anthu angati m'midzi ya ku Ntchisi kapena Dowa amene akudziwa kuti ena limawawawa? Mesa ifenso timati Angoni ndi a mowa, Atonga ndi odzikonda pa zovala, timaseka nkupitiriza kudya nsima limodzi.

Mphunzitsi wopuma

Nonse awiri muli ndi mbali. Achawa poyambirira si chitonzo, ndi dzina lomwelo la Yao lomwe linapindika podutsa m'malilime a anthu ena. Livingstone ndi amishoni a Bishop Mackenzie aja anakakhala ku Magomero mu 1861 ankalemba Ajawa, Apwitikizi ankalemba Mujao, Aswahili a kugombe ankati Wahiao. Ukawaika pamzere, Yao, Jao, Ajawa, Achawa, ukuona wekha kuti ndi mawu amodzi. Koma vuto nlakuti dzina limanyamula fungo la nthawi yomwe linatchuka. Ajawa analowa m'makalata a azungu nthawi ya nkhondo ndi malonda a akapolo, olembawo ali kumbali ya Amang'anja, ndiye dzinalo linayenda ndi mbiri yoipa. Pambuyo pake makolo ambiri achisilamu anakana kutumiza ana ku sukulu za mishoni poopa kuti akawabatiza, nkubadwa chitonzo china chija amayi a ku Namwera akunena. Ena amawonjeza kuti m'Chiswahili chawa ndi nsabwe, mawuwo alipodi, koma ine ndimaona ngati kungofanana kwa mawu, ngakhale munthu amene wamva zimenezo sangalikondenso dzinalo.

A Kabaza, taganizani za Alomwe. Atalowa m'dziko muno kuchokera ku Mozambique aliyense ankawatchula Anguru, boma lomwe linkalemba choncho m'mabuku ake. Iwo analikana, Lewis Bandawe ndi anzake analimbana nazo m'zaka za m'ma 1940 mpaka boma la atsamunda linasiya nkuyamba kulemba Alomwe. Lero mungaime pa Chonde tsiku la Mulhako nkukuwa kuti Anguru inu? Agogo anu a ku Dedza analibe mtima woipa, ndikuvomera, koma mwini dzina akati sindilifuna ine ndimasiya. Gulu la chikhalidwe lija analitcha Chiwanja cha Ayao, sanati cha Achawa.

Mdzukulu wa msodzi, Nankumba

Ndakhala ndikuwerenga mwakachetechete koma apa ndilowepo, chifukwa mukukamba za Anyanja ngati anthu amene anatha ngati ntchila m'nyanjamu. Tilipo akulu!! Bwerani kwa Nankumba, ku Chembe, ku Msaka, ku Malembo, mumve mmene anthu amayankhulira padoko pokokera makoka. Agogo anga ankati ndife Anyanja ndipo sankachita nazo manyazi. Chomwe chinatisokoneza ndi 1968, pomwe chipani cha Kongeresi nthawi ya Kamuzu chinagamula kuti chiyankhulo chomwe mabuku onse ankachitcha Chinyanja chizitchedwa Chichewa. Kuchokera apo mwana wa kunyanja akapita kusukulu amaphunzira Chichewa, pa wailesi Chichewa, wa kalembera akabwera nkufunsa mtundu munthu amangoti Mchewa kuti nkhani ithe msanga. Ine ndemwe pa mafomu ndalembapo Mchewa kangapo. Chonsecho ku Zambia ndi ku Mozambique chikadali Chinyanja mpaka lero, ife eni nyanja ndi amene tinalitaya dzinalo.

Ndipo si mitundu yokha, malo nawonso anasinthidwa mayina anthu nkusintha nawo. Monkey Bay agogo ankati ku Lusumbwe. Cape Maclear ndi Chembe, Livingstone ndi amene anapatcha dzina la mnzake Thomas Maclear, munthu woti sanawolokepo nyanjayi pa bwato ngakhale tsiku limodzi, kenako amishoni a Livingstonia anadzayambira pomwepo mu 1875 malungo asanawathamangitsire ku Bandawe. Lero mnyamata wa pa Chembe akakumana ndi mzungu amati ndine wa ku Cape, akabwerera kwa amake ndi wa pa Chembe.

Kabaza wa pa Soko

Chabwino aphunzitsi mwandigwira pa Anguru po, pamenepo sindingayerekeze kkkk. Koma ndiye ine wa mayi Mchewa bambo Myao wobadwira pa boma pano muzinditchula chani? Mmangochi sizikumvekanso bwino mkamwa, Amangoche mwati ndi a ku Blantyre.

wa_ku_joni_06

Bwera kuno udzakhale Mnyasa basi nkhani ithe.

mwana_wa_malombe

Sikomo kwejinji nonse, makamaka aphunzitsi. Dzulo ndinakwera njinga kupita kwa anganga ndi pepala lija, ndinawapeza akusankha mpunga pakhonde. Nditawawerengera kuti apa analemba Nyanja anaseka mpaka kutsokomola, akuti nanga iwe sumadziwa? Akuti agogo anachokera mbali ya kwa Nankumba, anabwera ku Malombe kudzagula chambo nthawi imeneyo chikadali chambiri moti ankachita kuumika pa moto usiku wonse, nde anaonana pa doko. Abale a anganga poyamba ankawakana eti, ankati Mnyasa ameneyu sadziwa nkupereka moni komwe, ndipo apa ndinadabwa chifukwa anganga Anyanja amawatchula Anyasa, dzina lomwe lija achimwene akulimva ku Joni. Agogo anaphunzira Chiyao, analowa Chisilamu, anthu nkuyamba kuwaitana ndi Che kutsogolo kwa dzina mpaka aliyense anaiwala. Ndinawafunsanso za Amachinga ndi Amasaninga kuti ife tili mbali iti, anangoti amayi awo ankatchula phiri lina la ku Mozambique koma dzina lawathawa, ndibwerenso Lachisanu akapemphera mwina likhala litabwera. A kwa Nankumba inu, ngati mukudziwa nkhalamba cha ku Malembo imene ingakumbuke anthu amene anasamukira ku Malombe ndilembereni ku inibokosi, mayina sindiika pano. Pepala lija ndakalipanga lamineti pa boma, chiswe chinali chitayamba kale kudya pa F wa Fort Johnston.